Kafilimu ka mphindi zitatu kofunsa maso: mmene mungakapangire ndi foni

Filimu iliyonse imene munaonerapo ndi mndandanda wa zithunzi zosayenda. M'sinema zimadutsa 24 pa sekondi imodzi, pafoni kawirikawiri 30, ndipo mwa zonsezo palibe n'chimodzi chomwe chimene chimagwedezeka. Kuyendako kumachitikira m'mutu mwa woonera. Opanga mafilimu a nkhani amakhetsa thukuta kuti muiwale zimenezi, muiwale kamera, muiwalenso kuti pali munthu amene anasankha choti muone ndi choti musaone. Koma alipo ojambula ena amene amachita zosemphana ndi zimenezo. Mafilimu awo, amene ambiri amawatcha experimental, amakuimitsani n'kukufunsani kuti: chimene mukuti mwaonachi, mwachionadi, kapena mwachipanga nokha?

Malangizo awa ndi a munthu amene akufuna kupanga kafilimu kotere, ka mphindi zitatu kapena zinayi. Mufunika foni yojambula kanema, choimikapo foniyo kuti isagwedere, ndi pulogalamu yodulira ndi kulumikiza kanema. Pakompyuta pali Shotcut, Kdenlive kapena DaVinci Resolve, ndipo pafoni pomwepo CapCut imakwanira.

Choyamba: lembani funso ndi lamulo

Musayambe ndi nkhani. Tengani pepala, mulembe funso limodzi lokhudza kuona, funso loti kamera ingathe kuliyesa. Kodi nkhope ya munthu imasintha tanthauzo ndikasintha chithunzi chotsatira? Munthu angayang'ane chitseko chotseka kwa nthawi yaitali bwanji asanayambe kuganizira za amene ali kuseri kwake? Mawu ndi chithunzi zikatsutsana, woonera amakhulupirira chiti?

Pansi pa funsolo lembani lamulo limodzi limene simudzaliswa mpaka filimu itatha. Kamera sisuntha. Kapena chidutswa chilichonse chikhale cha masekondi asanu ndendende. Kapena nkhope isaoneke yonse. Ambiri amaganiza kuti filimu yamtunduwu ndi yongochita chilichonse chabwera m'mutu, n'chifukwa chake ntchito zawo zoyamba zimangokhala chipwirikiti cha mitundu ndi nyimbo. Lamulo ndilo limathandiza woonera kuzindikira chimene chikusintha. Zonse zikamasintha nthawi imodzi, iye sagwirapo kanthu.

Chachiwiri: ilandeni foni mphamvu yosankha

Foni sijambula zimene zilipo basi. Imawalitsa pamene pada, imasalaza khungu, imakoleza mitundu, ndipo imachita zonsezi osakufunsani. Lowani m'masetingi a kamera, muzimitse zosalaza nkhope ndi mafyuluta onse. Kenako lozetsani foni pa chimene mukujambula, mudinikize chala pa sikirini kwa kanthawi. Mafoni ambiri mukatero amatseka focus (malo amene chithunzi chikuonekera bwinobwino) ndi kuchuluka kwa kuwala kuti zisamasinthe zokha. Pa iPhone pamatuluka mawu akuti AE/AF Lock.

Nkhani ya kuwalayi musaipeputse, makamaka pojambula anthu. Kuyambira m'zaka za m'ma 1950, malo ambiri osindikizira zithunzi ankayezera makina awo ndi khadi la kampani ya zojambulira ya Kodak lodziwika kuti Shirley card, pamene panali chithunzi cha mkazi wa khungu loyera. Khungu lakelo ndilo linali muyezo wa mtundu wolondola, ndipo anthu a khungu lakuda ankatuluka m'zithunzi nkhope zitamira mumdima. Makinawo analibe chidani ndi munthu, koma amene anawakonza anali atasankhiratu amene ayenera kuoneka bwino.

Choncho imikani mnzanu pawindo kapena panja, kuwala kuli kumbuyo kwake. Yezerani kuwala pankhope pake, ngakhale kumwamba kuyere mbee. Jambulaninso mutayezera pamtambo, iye asanduke mthunzi wakuda bii. Sungani zonse ziwiri ndipo muziyang'ane motsatizana. Munthu ndi mmodzi, malo ndi amodzi, koma chithunzi china chikuti ndi mnzathu amene tingamuyang'ane m'maso, china chikuti ndi mlendo wosadziwika. Anasankha zimenezo ndinu, ndi chala chimodzi.

Chachitatu: nkhope imodzi, zithunzi zitatu

Apa ndi pofunika kukhalitsa, chifukwa mukapamvetsa, kanema aliyense mudzamuonera mosiyana ndi kale.

Cha m'ma 1920 ku Russia, wopanga mafilimu Lev Kuleshov anatenga kanema wa nkhope ya katswiri wa zisudzo Ivan Mosjoukine, nkhope yongoti duu, yosaonetsa kalikonse, n'kuilumikiza ndi zinthu zosiyanasiyana. Malinga ndi mmene anasimbira wopanga mafilimu mnzake Vsevolod Pudovkin, zinthuzo zinali mbale ya supu, bokosi la maliro momwe munali mayi womwalira, ndi kamtsikana kakusewera ndi chidole. Oonera anatamanda luso la mkuluyo: kusinkhasinkha kwake pa supu, chisoni chake pa maliro, kumwetulira kwake poona mwana. Chonsecho nkhope inali imodzimodzi malo atatu onsewo.

Yesani nokha. Mukhazikeni mnzanu patsogolo pa khoma lopanda kanthu, ayang'ane pambali pang'ono pa kamera. Musamuuze kuti asaonetse kalikonse, chifukwa munthu akauzidwa choncho nkhope imauma, amaoneka ngati wakwiya. Muuzeni kuti chamumtima awerenge chobwerera m'mbuyo kuchokera pa 100, akuchotsapo 7 nthawi iliyonse. Maganizo akatanganidwa, nkhope imamasuka yokha. Jambulani masekondi khumi.

Kenako jambulani zinthu zitatu, chilichonse pachokha: foni ikulira patebulo popanda woiyankha, chitseko chikutseguka pang'onopang'ono, nsapato za mwana zili pakhomo. Mu pulogalamu yanu pangani timakanema titatu. Kalikonse kayambe ndi masekondi atatu a nkhope, patsatire masekondi atatu a chinthucho, kenako nkhope ija ibwerenso. Onetsetsani kuti ndi masekondi omwewo a nkhope m'timakanema tonse titatu; musatengeke n'kusankha pamene anaphethira kapena pamene anameza malovu. Kalikonse kaonetseni kwa munthu wosiyana ndipo mumufunse kuti munthuyu akumva bwanji mumtima. Mudzamva za nkhawa, mantha, kusowa mwana, ndipo ena adzakuuzani molimba mtima kuti aona maso akulengeza misozi.

Mukaimira pamenepa, mwangophunzira chida chimene filimu iliyonse ya nkhani, malonda a pa TV ndi kanema wa ndale amagwiritsa ntchito tsiku ndi tsiku. Kuti ikhale filimu yofunsa maso, muyenera kuonetsa msoko. Lumikizani timakanema tonse titatu motsatizana kuti woonera adzigwire yekha akusintha maganizo pa nkhope imodzimodzi. Kumapeto ikani chidutswa chonse chosadula, momwe mukumveka mawu anu mukumuuza mnzanuyo kuti ayambe kuwerenga. Ine ndimaona kuti masekondi amenewo ndiwo mtima wa ntchito yonse, chifukwa woonera amazindikira kuti chisoni chija anabwera nacho yekha.

Chachinayi: lekanitsani mawu ndi chithunzi

Makutu amalamula maso kuposa mmene timaganizira. Mu 1976 ofufuza Harry McGurk ndi John MacDonald anaonetsa kuti zimachitikanso chobwerera: munthu akamamva "ba" koma akuona milomo ikutchula "ga", kawirikawiri amamva "da", liwu limene palibe analitchula. Maso ndi makutu zimakambirana, ndipo chimene timati taona ndi chimene zagwirizana.

Chakumapeto kwa zaka za m'ma 1950, Chris Marker wa ku France, mu filimu yake Lettre de Sibérie, anaonetsa katatu zithunzi zomwezo za mumzinda wa Yakutsk m'dziko la Soviet Union: basi ikudutsa, anthu akusalaza msewu. Ulendo woyamba wofotokoza anatamanda dziko la Soviet Union, wachiwiri analinyoza, wachitatu anayesa kulankhula mosakondera. Zithunzi zinavomereza onse atatu.

Jambulani masekondi 30 a malo ogwirira ntchito kapena pamene anthu akudikira chinachake, muli patali kuti nkhope zisadziwike. Lembani ndemanga zitatu: yotamanda, yodandaula, ndi yongofotokoza. Lamulo lake ndi lakuti musaname m'ndemanga iliyonse. Chilichonse chimene mukunena chikhale choona, mungosankha choti mutchule. Yachitatuyo ndiyo yovuta, ndipo ndiyo yoopsa kwambiri, chifukwa liwu lodekha lotchula manambala timalikhulupirira msanga, ngakhale nalonso lasankha choti lisiye.

Mawuwo jambulani padera, foni ili pafupi ndi pakamwa, m'chipinda chokhala ndi makatani kapena zovala zambiri kuti asamabwerere. Mu pulogalamu chotsani phokoso limene linalowa pojambula kanema, muikepo ndemanga imodziimodzi. Yesaninso popanda ndemanga, koma ndi phokoso la malo ena: mafunde, belu, kupuma kwa munthu wogona.

Njira ina ndi kutsogoza mawu. Hollis Frampton, mu filimu yake ya 1971 yotchedwa (nostalgia), ankaotcha zithunzi chimodzichimodzi pa chitofu cha magetsi, uku mawu akufotokoza chithunzi chimene sichinaoneke, chobwera pambuyo. Woonera amakakamizika kusunga mawu m'mutu podikira chithunzi chake, kwinaku akuyang'ana china chikupsa. Ndi zithunzi zisanu za m'foni mwanu mukhoza kuyesa kusemphanitsa kotereku, osaotcha kanthu.

Chachisanu: lolani nthawi italike

Michael Snow mu 1967 anapanga filimu ya Wavelength, mphindi 45 za chipinda chimodzi ku New York, chithunzi chikuyandikira pang'onopang'ono ku khoma mpaka kukathera pa kachithunzi ka mafunde kopachikidwa pakati pa mawindo. Simufunika mphindi 45. Imikani foni moyang'ana khoma pamene pagwa mthunzi wa mtengo, mujambule mphindi khumi osaikhudza.

Ntchito yeniyeni ili poonera. Khalani pansi ndi cholembera, muonere zonse osathamangitsa. Lembani sekondi imene maganizo anachoka, mulembenso imene anabwerera ndi chimene chinawabweza. Mwina ndi nyerere imene ikukwera mng'alu wa pakhoma, imene simunaione pojambula. Mwina ndi kuwala kumene kunazilala mtambo utadutsa. Akuluakulu anati kuona maso a nkhono n'kudekha, ndipo chidutswa chachitali chimaphunzitsa woonera kudekha kumeneko, malinga ngati mwamupatsa kanthu kakang'ono kamene kakusinthadi. Podula, siyani nthawi ya kutopa ija isanafike nyerere. Mukaichotsa, nyerereyo siidzakhalanso kanthu.

Mafoni ambiri amathanso kujambula zithunzi 120 kapena 240 pa sekondi kuti kanema aziyenda pang'onopang'ono. Mukajambula chotero pansi pa mababu ena a magetsi, mudzaona kuwala kukuphethira, chinthu chimene maso anu sachiona m'chipinda chomwecho. Ena amachitenga ngati vuto. Kwa inu chikhoza kukhala filimu yonse.

Chachisanu ndi chimodzi: chithunzi chopangidwa ndi manja

Ena anaisiyiratu kamera. Len Lye wa ku New Zealand anapenta mitundu pa tepi ya filimu yeniyeniyo popanga A Colour Box mu 1935. Stan Brakhage mu 1963 anamata mapiko a agulugufe a usiku, timasamba ndi udzu pakati pa matepi awiri oonekera, n'kupanga Mothlight, filimu ya mphindi pafupifupi zinayi yopanda mawu. Pamenepo woonera saona chithunzi cha phiko chojambulidwa patali. Amaona kuwala kumene kwadutsa m'phikomo.

Tengani selotepi yoonekera, mumatepo ulusi, fumbi, tsitsi, timasamba touma, mumatenso ina pamwamba. Ikani pagalasi la windo masana, foni ili pafupi kwambiri ndipo yaimikidwa. Tolani chithunzi, musunthe tepi pang'ono, mutolenso. Zithunzi 120 mukaziika kuti zizidutsa 12 pa sekondi, zikupatsani masekondi khumi.

Chenjezo pano ndi lalikulu. Kuwala kothwanima mofulumira kumatha kugwetsa munthu wodwala khunyu. Malangizo a kanema wa pa intaneti amati kuthwanima kusapitirire katatu pa sekondi imodzi. Tony Conrad, amene filimu yake The Flicker ya 1966 ili ndi zithunzi zoyera ndi zakuda zokhazokha, anaika chenjezo koyambirira kwake. Ngati yanu ikuthwanima, chepetsani, ndipo muchenjeze anthu asanayambe kuonera.

Chachisanu ndi chiwiri: munthu amene mwamujambula

Mwaona tsopano kuti nkhope ya munthu mukhoza kuinenetsa chilichonse. Ndiye chilolezo chongoti "ndikujambuleni?" sichikwanira. Muuzeni mnzanuyo mosabisa kuti nkhope yake idzaikidwa pafupi ndi chakuti, mawu akuti adzamveka pamwamba pake, ndipo filimuyo idzaonetsedwa kwakuti. Ikatha, aione iye poyamba, anthu ena asanaione. Akakana chidutswa china, chichotseni, ngakhale chikhale chimene mumachikonda kwambiri. Ngati ndi mwana, pemphani kwa makolo kapena omuyang'anira. Ndipo ndemanga yodandaula ija musaiike pamwamba pa nkhope ya munthu amene anthu angamuzindikire m'chithunzi koma iye sanavomere. Kwa inu ndi kuyesa chabe, kwa iye ndi mbiri yake.

Trinh T. Minh-ha, amene anabadwira ku Vietnam, anajambula Reassemblage ku Senegal, ndipo inatuluka mu 1982. M'malo mofotokozera woonera kuti anthu awa ndi otere, moyo wawo ndi wotere, ngati mmene mafilimu ambiri onena za anthu a mayiko ena ankachitira, iye anadula zithunzi mosayembekezereka, nthawi zina n'kuzimitsa mawu, ndipo ananena kuti cholinga chake ndi kulankhula ali pambali pa anthuwo, osati kulankhula za iwo. Mfundo imeneyi ndi yothandiza ngakhale mukujambula m'bale wanu.

Njira yosavuta yoiyesera ndi iyi. Jambulani munthu kwa mphindi imodzi mmene inu mukumuonera. Kenako mupatseni foniyo adzijambule yekha mphindi imodzi, pamalo pamene wasankha, ataima mmene akufunira. Pomaliza akujambuleni inu muli kumujambula. Ikani zitatuzo pamodzi osawonjezera ndemanga. Kawirikawiri mudzapeza kuti inu munasankha manja ake otopa ndi ntchito, pamene iye anasankha kuvala malaya abwino n'kuima chilili. Palibe chithunzi chabodza pa ziwirizo, ndipo palibe chimene ndi munthu yense.

Chachisanu ndi chitatu: kulumikiza

Bwererani ku pepala lija. Pa zonse mwayesazi, sankhani chimodzi chimene chikuyankhana ndi funso lanu, zinazo muzisunge. Kuthira zonse m'kafilimu kamodzi n'kuwononga.

Dulani mowongoka, chidutswa ku chidutswa, popanda zokongoletsa zimene mapulogalamu amaika pakati. Nyimbo ichotseni kaye, muonere popanda. Ngati filimu yafooka nyimbo itachoka, ndiye kuti nyimboyo ndiyo inkauza anthu choti amve, ndipo zithunzi zanu sizinagwire ntchito. Potulutsa kanema, sungani chiwerengero cha zithunzi pa sekondi chimene munakonzera ntchitoyo, kuti kayendedwe kasadumphedumphe.

Dzina la filimu liganizireni mofatsa. Nalonso ndi ndemanga. Khoma lija mukalitcha "Kudikira", aliyense adzaona kudikira. Mukalitcha "Mphindi zitatu za khoma", mwamusiyira woonera ntchito yake.

Chomaliza: kuonetsa ndi kufunsa

Sonkhanitsani anthu ochepa, muzimitse magetsi, mugwiritse ntchito sikirini yaikulu imene mungapeze ndi masipika abwino. Pafoni ya m'manja munthu amangokankha ndi chala akatopa, ndipo nyerere ija saifika. Musafotokoze kalikonse filimu isanayambe, kupatula chenjezo la kuthwanima ngati likufunika.

Ikatha, musafunse ngati aikonda kapena ngati aimvetsa, chifukwa adzayankha mokusangalatsani. Funsani kuti: mwaona chiyani, mwatsatanetsatane? Ndi pati pamene maganizo anachoka? Pali chimene mukukhulupirira kuti chinalimo? Funso lachitatuli ndilo limabweretsa zodabwitsa. Wina adzatchula munthu amene anadutsa kuseri kwa chitseko, pamene simunajambule munthu aliyense. Wina adzati foni ija inayankhidwa. Musawatsutse msanga, lembani kaye, kenako muonetsenso filimuyo kachiwiri kuti adzionere okha.

Ngati onse anena chinthu chimodzimodzi, mwina mwawatsogolera kwambiri: chotsani ndemanga kapena sinthani dzina. Ngati palibe amene wagwirapo kanthu, lamulo lanu silikuoneka, ndipo mufunika kubwereza chidutswa chimodzi kangapo kuti kusinthako kudziwike. Sinthani chinthu chimodzi chokha, musunge mtundu wakalewo pansi pa dzina lina, muonetse watsopanowo kwa anthu ena amene sanaonepo woyamba.

Mukafika poti mwakhutira nayo, dziwani kuti mafilimu otere ali ndi kwawo. Chikondwerero cha mafilimu aafupi cha ku Oberhausen ku Germany chinayamba mu 1954, cha Ann Arbor ku America mu 1963, ndipo zonse ziwiri zimadziwika ndi ntchito zamtunduwu. Musanaike filimu yanu poyera pa intaneti, werengani malamulo a chikondwerero chimene mukufuna kutumizako, chifukwa zina sizilandira filimu imene yaonetsedwa kale kwa aliyense.